Za Citseko Cotsegukira M'kati

Lero tilankhula za amuna atatu a ku America amene anafa ndi moto pa 27 January 1967, ndiwo Virgil Grissom, Edward White ndi Roger Chaffee. Iwowa anasankhidwa kukwera combo ca Apollo 1, cakukonzera ulendo wa ku mwezi. Koma sanafere m'mlengalenga ai. Anafera pansi pompano, ku Cape Kennedy m'dera la Florida, combo ciri ciimire pamalo pace.

Tsiku lija linali la kuyesa cabe. Roketi inalibe mafuta, cifukwa cace akuru a nchito sanaliwerenge tsiku loopsa, ndipo ozima moto ndi madotolo sanaikidwe pafupi. Ife tiona kuti colakwa cacikuru ndi ici, pakuti coopsa cinali m'kati momwemo mmene anakhala amunawo.

Mudziwa mmene makala a wosula amayakira pamene mbvukuto iwauzira. Cimene cidyetsa moto mumpweya acicha okosijeni, ndipo mumpweya tipumawu iye ali gawo limodzi lokha mwa magawo asanu. Tsono m'kacipinda kaja anadzazamo okosijeni yekhayekha, nampanikiza koposa mpweya wa kunja. Ndipo munali nsaru zambiri za nailoni. M'mpweya wotere nsaru ipsa monga udzu wouma wa m'cilimwe. Madzulo, itangopitirira 6.30, moto unabuka, ndipo ofufuza anaganizira mawaya a magetsi a kumbali ya Grissom.

Taonani tsopano za citseko. Ca m'kati cinali cotsegukira m'kati. Ndipo pamene moto unatentha mpweya, mpweyawo unakula mphamvu, nucikanikiza citseko pamphuthu pace, kotero kuti dzanja la munthu silikadatha kucikoka. White, amene m'caka ca 1965 anayamba mwa anthu a ku America kuturuka m'combo ali m'mlengalenga, anayesa, koma osatheka. Anchito a kunja analimbana ndi utsi mphindi zisanu, natsegula, napeza atatuwo atafa kale ndi mpweya woipa wa motowo.

Nanga anacipangiranji cotero? M'caka ca 1961 Grissom yemweyo anatera panyanja ndi combo cina, Liberty Bell 7. Citseko cace cotseguka ndi wonga cinaphulika nthawi isanakwane, madzi analowa, combo cinamira, ndipo iye mwini anatsala pang'ono kumira. Pokumbukira ici akuru anakana citseko cotere. Sitiwaseka ai, pakuti anaopa madzi amene anawaona kale, osaopa moto umene anali asanauone.

Pambuyo pace anapanga citseko cimodzi cotsegukira kunja m'masekondi owerengeka, nacotsa nsaru zoyaka msanga, nasanganiza okosijeni ndi naitrojeni nthawi yonse combo ciri pansi. Anthu sanakwerenso kufikira October 1968, pamene Walter Schirra, Donn Eisele ndi Walter Cunningham anazungulira dziko lapansi m'combo ca Apollo 7 masiku pafupifupi 11, nabwerera amoyo.