Liwu la Bilal ndi pulogalamu yothyoledwa

Chidule cha khutuba ya Lachisanu, Old Town, Lilongwe

Kutamandidwa konse ndi kwa Allah, ndipo mtendere ndi madalitso zikhale pa Mtumiki wake Muhammad.

Abale ndi alongo m'Chisilamu, pamene Abdullah ibn Zayd analota mawu a adhana, Mtumiki (SAW) anamulamula kuti awaphunzitse Bilal, chifukwa liwu lake linkafika patali. Kufuna kuti mawu abwino amveke si tchimo ayi. Funso lathu lero ndi la njira yake.

Achinyamata athu, kaya ophunzira ku madarasa kaya ogwira ntchito m'maofesi a ku City Centre, akaona kuti Qur'an ikumveka motsika pa laputopu, amaikamo pulogalamu yokweza mawu, monga Letasoft Sound Booster. Mwini wake amalola kuti muiyese kwaulere masiku 14, kenako mulipire. Masikuwo akatha, ena amatsikira kumsika kwa anyamata a makompyuta kuti awathyolere loko, ati mwiniyo ali kutali ndipo sangadziwe. Kodi Allah naye ali kutali?

Tsiku lija munadina batani lovomera, munamanga pangano. Surat Al-Ma'idah, ndime 1, ikutilamula kukwaniritsa mapangano, ndipo Surat An-Nisa, ndime 29, ikuletsa kudyerana chuma mwachinyengo. M'chaka cha 1988 ma ulama a International Islamic Fiqh Academy, atakumana ku Kuwait, anagamula kuti ntchito ya nzeru za munthu ndi chuma chake chotetezedwa ndi Shariya. Lamulo la dziko lathu la Copyright la 2016 likutetezanso mapulogalamu a kompyuta. Ndiye ndi zoyenera kuti mawu a Allah atulukire pa chipangizo chobedwa?

Ngozi ina ndi ya pompano. Amene wathyola loko sagwira ntchito yaulere: kawirikawiri amabisamo vairasi yoba manambala achinsinsi. Ngati kompyutayo ndi ya abwana kapena ya komiti ya mzikiti, yosunga maina a olandira zakaat, mwaika amana ya anthu ena m'manja mwa mbala.

Komanso mawu okwezedwa mopyola muyezo amasasa, makhraj a zilembo samveka, timasipika timawonongeka, ndipo makutu akagontha sabwerera.

Amene akusowa mawu okwera aike VLC, yomwe eni ake anaipereka kwaulere ndipo imakweza kupitirira 100 peresenti, kapena agule sipika yapadera. Amene ali kale ndi pulogalamu yothyoledwa aichotse lero, asinthe manambala ake achinsinsi, ndipo ngati akuifunabe, alipire mwini wake.