Citumbuwa Cinena za Ndarama

Wofuna kudziwa m'mene cuma ca dziko ciliri ayambe wayang'ana citumbuwa pamsika. Ufa, shuga ndi mafuta zikakwera, mai wokazinga sakweza mtengo msanga, pakuti aopa kuthawitsa ogula. Acepetsa citumbuwaco, nacepetsanso shuga.

Maswiti nawonso anenapo zoona. Ku Mvuma, tauni imene inakula ndi mgodi wa Falcon ku Zimbabwe, ndarama ya dzikolo inatha mphamvu m'caka ca 2008 monga m'matauni ena onse. Kuyambira 2009 anthu anagula ndi madola a ku America, koma makobiri anasowa, ndipo m'masitolo cenji cinali maswiti kufikira 2014, pamene banki yaikuru inaturutsa makobiri atsopano. Mai wofuna kusunga kobiri la mcere anabwerera kwao ndi siwiti m'manja.