Voti yanu ikabedwa, mlandu wake upita kuti?

Mau okambidwa pa misonkhano ya maphunziro a cisankho ku Mithete ndi m'midzi ya Zóbuè, distrito ya Moatize

Ife sitinabwere ndi mbendera ya cipani ciliconse. Nkhani yathu lero ndi ya makhoti, makamaka khoti limene limaweruza mlandu wa voti.

Tiyambe ndi bwalo limene mumalidziwa kale. Mbuzi ikadya cimanga ca mnzanu, malire a munda akavuta, banja likagwedezeka, mumapita kwa amfumu kapena ku tribunal comunitário. Mabwalo amenewa anakhazikitsidwa ndi lamulo la 1992, ndipo nchito yao ndi kuyanjanitsa anthu. Angathe kulipitsa cindapusa cocepa kapena kupatsa munthu nchito yothandiza mudzi yosapitirira masiku 30, koma sangatsekere munthu m'ndende. Amene sanakhutire ali ndi ufulu wopita ku khoti la distrito, limene kwa ife lili ku Moatize. Pamwamba pake pali khoti la provinsiya ku Tete, kenaka la apilo ku Beira, ndipo lomaliza ndi Tribunal Supremo ku Maputo. Wosauka amene alibe ndalama yolipira loya angapemphe thandizo laulere ku IPAJ.

Mlandu wa cisankho suyenda njira imeneyi. Amfumu sauweruza, ngakhale akhale anzeru cotani. Umayambira pa meza yovotera, umapita ku khoti la distrito, ndipo ukacoka pamenepo umalunjika ku Conselho Constitucional ku Maputo. Bwalo limeneli ndi limene limatsimikiza ndi kulengeza zotsatira zomaliza, ndipo likalankhula palibenso kwina kokacita apilo.

Tsono mvetserani za nthawi, cifukwa apa ndi pamene ambiri amagwa. Pa cisankho ca 2024 lamulo linapereka maola 48 okha, kuyambira pamene pepala la zotsatira, lija timati edital, lakhomedwa, kuti dandaulo lifike ku khoti la distrito. Woweruza nayenso anali ndi maola 48, ndipo wosakhutira anali ndi masiku 3 okacita apilo. Mlandu wotere salipiritsa. Koma taganizani: kuwerenga mavoti kumatha usiku, inu muli m'mudzi wa m'malire, Moatize ali pa mtunda wa makilomita pafupifupi 100 kucokera pa Zóbuè, chapa ayamba wadzaza ndiye anyamuke, ndipo dandaulo lifunika kulembedwa m'Cipwitikizi, umboni uli pamodzi. Masiku awiri amenewo ndi ocepa kwambiri kwa munthu wa kumudzi. Amene akuyamba kufunafuna umboni tsiku lacitatu wacedwa kale.

Citsanzo cili pakhomo pathu pompano. Pa cisankho ca makhonsolo a matauni ca pa 10 Okutobala 2018, ku Moatize, a Renamo ananena kuti ma edital a pa meza akuonetsa kuti apambana. Komiti ya cisankho ya distrito itawerenganso, inalengeza kuti a Frelimo ndiwo apambana, ndi kusiyana kwa mavoti osakwana 100. Nkhani inapita ku makhoti. Madandaulo ambiri a caka cimeneco, ndi la Moatize lomwe, anakanidwa pa zifukwa za ndondomeko, ndiye kuti za nthawi ndi njira imene dandaulo linalowera. Ine sindikuuzani amene anapambana. Si nchito yanga. Cimene cimandipweteka ndi cakuti theka la tauni linatsala ndi funso limene khoti silinaliyankhe. Inu a ku Zóbuè simuvota pa cisankho ca tauni ya Moatize, ndi zoona, koma mavoti anu a Pulezidenti, a aphungu ndi a nyumba ya malamulo ya provinsiya amadutsa m'komiti ya distrito yomweyo, ndipo khoti lake ndi lomwelo.

Ambiri a inu mumamvera wailesi za ku Malawi, muli ndi abale ku Mwanza, ndipo mumatifunsa kuti, "Nanga bwanji anzathu aja zinatheka?" Pa 3 Febuluwale 2020 oweruza asanu ku Lilongwe anafafaniza cisankho ca Pulezidenti ca mu Meyi 2019, khoti lalikulu la apilo linavomereza, ndipo anthu anavotanso pa 23 Juni 2020. Oweruza aja analimba mtima, palibe wotsutsa. Koma sanaweruze ndi mphekesera za pa msika. Anali ndi mapepala a zotsatira m'manja, ena opakidwa Tipp-Ex, ndipo anamva mboni kwa miyezi. Kuno kwathu mlandu umathamanga masiku owerengeka, ndipo cisankho ca Pulezidenti sicinafafanizidwepo.

Ndiponso mphamvu za khoti la distrito zinacepa. Pambuyo pa cisankho ca matauni ca pa 11 Okutobala 2023, oweruza ena a m'madistrito, monga ku Cuamba ndi ku Chókwè, analamula kuti cisankho cibwerezedwe. Conselho Constitucional inati iwo alibe mphamvu imeneyo, ndi yake yokha. Iyo yomweyo inasintha zotsatira m'matauni anai, Quelimane, Chiúre, Alto Molócuè ndi Vilankulo, n'kuwapatsa a Renamo. Mu Ogasiti 2024 aphungu anasintha lamulo kuti khoti la distrito lisalamulenso kuwerenganso mavoti. Cisankho ca pa 9 Okutobala 2024 citacitika, CNE inapatsa a Daniel Chapo mavoti pafupifupi 71 pa 100 alionse. Pa 23 Disembala Conselho Constitucional inatsitsa nambalayo kufika pa 65. Ambiri anadandaula kuti bwalolo silinafotokoze mokwanira mmene linapezera manambala atsopanowo. Zimene zinatsatira mukuzidziwa: zionetsero, misewu yotsekedwa, malonda a m'malire kuima, ndi maliro a anthu oposa 300 malinga ndi mabungwe amene anali kuwerenga. Anthu akasiya kukhulupirira khoti, mlandu umapita pa msewu, ndipo pa msewu amene amafa ndi ana athu.

Mwina wina akuti, "Za oweruza a ku Maputo ife zitikhudza bwanji?" Conselho Constitucional ili ndi oweruza 7. Mkulu wao amasankhidwa ndi Pulezidenti wa dziko, aphungu n'kuvomereza. Asanu amasankhidwa ndi Assembleia da República molingana ndi kuculuka kwa mipando ya cipani ciliconse. Mmodzi yekha ndi amene amacokera ku khonsolo ya oweruza. Ndiye kuti mukamaika cizindikiro pa pepala la Pulezidenti ndi la aphungu, mukusankhanso anthu amene adzasankhe oweruza a mavoti anu a mtsogolo. Oweruza eni ake akudandaula: mu 2024 bungwe lao, AMJ, linaopseza kunyanyala nchito, likufuna citetezo ndi ufulu woyendetsa lokha ndalama za makhoti.

Pa 5 Marichi 2025 Pulezidenti ndi atsogoleri a zipani anasaina pangano la zokambirana za dziko lonse, ndipo kukonzanso makhoti ndi malamulo a cisankho zili m'gulu la nkhani zake. Conco aliyense wobwera kudzapempha voti yanu, wa cipani ciliconse, mufunseni pamaso pa anthu: kodi maola 48 aja mudzawaonjezera? Kodi khoti la ku Moatize mudzalibwezera mphamvu yolamula kuti mavoti awerengedwenso? Kodi oweruza aakulu adzapitiriza kusankhidwa ndi andale? Nanga womasulira Cinyanja ndi Cinyungwe adzapezeka nthawi zonse m'khoti? Musakhutire ndi kapulana ndi nyimbo. Yankho lake mulisunge.

Pamene tikudikira zimenezo, pali zoti ticite ndi lamulo limene tili nalo. Pa tsiku lovota, mukaona colakwa pa meza yanu, inu monga wovota wa pa meza imeneyo muli ndi ufulu wopereka dandaulo lolembedwa pomwepo, ndipo a pa meza saloledwa kulikana. Liyenera kuphatikizidwa ku mapepala a meza. Nthumwi ya cipani, delegado, isacoke isanalandire kope la edital ndi la acta, losainidwa ndi kudindidwa cidindo. Edital ikakhomedwa pakhomo, amene ali ndi foni aijambule, amene alibe akopere manambala m'kope la sukulu, alembe nambala ya meza ndi ola lake. Ndipo mudzi uliwonse udziwiretu, tsiku lisanafike, mwana wake amene amalemba bwino Cipwitikizi, ndi kumene kudzacokere ndalama ya chapa wa ku Moatize m'mawa mwake.

Tsopano tilandire mafunso, tiyambe ndi amayi.