ANTHU AMENE ANATOLA NTHANO ZA KU SCOTLAND



Nonse mudziwa kuti David Livingstone, amene anamwalira kwa Chitambo m'caka ca 1873, anali wa ku Scotland. Koma kodi mudziwa kuti agogo ake aamuna anacokera pa kacisumbu ka Ulva, kumene anthu anali kulankhula cinenero ca Gaelic, osati Cingelezi?

Lamulo la maphunziro la 1872 linalamula kuti mwana aliyense wa ku Scotland apite ku sukulu, koma silinanenepo kanthu za Gaelic. Ana ambiri analangidwa cifukwa colankhula cinenero ca amai ao m'kalasi. Mu 1891 ocilankhula anali oposa 250,000. Pofika 2011 anatsala pafupifupi 58,000. Nkhalamba iliyonse pomwalira inapita nazo kumanda nthano ndi nyimbo zimene panalibe anazilemba.

Tsono mu 1951 Yunivesite ya Edinburgh inakhazikitsa School of Scottish Studies. Ophunzira ake sanangokhala m'nyumba za mabuku ai. Calum Maclean, mbadwa ya pa cisumbu ca Raasay, anayenda mudzi ndi mudzi atanyamula makina olemera ojambulira mau, nakhala pamoto ndi asodzi ndi alimi kufikira usiku. Ngakhale madokotala atamdula mkono cifukwa ca khansa, nchitoyo sanaileke. Anamwalira mu 1960 ali ndi zaka 44 cabe.

Mnzake, Hamish Henderson, anagogoda pa khomo la mai wina mu mzinda wa Aberdeen mu 1953. Dzina lake Jeannie Robertson, wa mtundu wa anthu oyendayenda, ogona m'mahema ndi kukonza ziwiya, amene anthu a m'tauni anali kuwanyoza kwambiri. Atayamba kuimba m'cinenero ca Scots, cimene ciri pa cibale ndi Cingelezi, Henderson anamva nyimbo zakale zimene aprofesa anali kuziwerenga m'mabuku okha. Iye anaziphunzira pakamwa pa amai ake! Kwa ine, ici ndico codabwitsa koposa: cuma cimene ophunzira anali kucifunafuna cinasungidwa ndi anthu amene palibe anali kuwafunsa kanthu. Mau ao anamvekabe kufikira tsopano, pakuti zojambulidwazo zinaikidwa pa intaneti pansi pa dzina lakuti Tobar an Dualchais.

Nchito ya sabata lino ndi iyi. Mwana aliyense apemphe agogo nthano imodzi kapena nyimbo ya pamtondo, ailembe monga momwe aikambira, osakonza mau. Aphunzitsi, onetsetsani kuti pamwamba pa tsamba alembapo dzina la wokambayo ndi mudzi wao.