MLEMBI WA KANEMA: MAI RUNGANO NYONI

Anthu a ku Petauke ndi ku Nyimba adziwa bwino cimene cimacitika pamudzi munthu akanenedwa kuti ndi mfiti. Nkhani yotere ndiyo inamveketsa dzina la Mai Rungano Nyoni, mlembi wa kanema.

Mai Nyoni anabadwira mu Lusaka m'caka ca 1982, nakulira ku Wales. Pokonzekera kanema wawo wochedwa "I Am Not a Witch", anapita ku Ghana nakhala masiku ambiri pamudzi wa akazi opitikitsidwa kwao cifukwa ca kunenedwa ufiti. Anafuna kuona ndi maso ao.

M'kanemayo, wa m'caka ca 2017, kamtsikana dzina lace Shula kamangidwa ndi nsaru yaitali kumsana, ndipo akuru akaopseza kuti kakaidula kadzasanduka mbuzi. Oonera amaseka, koma pambuyo pace manyazi amawagwira.

M'caka ca 2018 kanemayo analandira mphotho ya BAFTA ku London, ndipo m'caka ca 2024 Mai Nyoni analandiranso mphotho ku Cannes. Koma funso la Shula latsalira midzi yathu: kodi mwana womunenera ufiti adzathawira kwa yani?