Licínio Azevedo, Mlembi wa Sitima ya Mchere ndi Shuga

Munthu akaima pagombe la ku Nkhotakota kunja kutayera bwino, amaona mapiri kutsidya kwa nyanja. Mapiri amenewo ali m'chigawo cha Niassa ku Mozambique, ndipo zina mwa zimene zidachitika kumeneko m'masiku a nkhondo zikadaiwalika pakadapanda Bambo Licínio Azevedo, mlembi wa maseŵero a pakanema.

Bambo Azevedo adabadwira ku Brazil m'chaka cha 1951, ndipo ntchito yawo yoyamba idali ya utolankhani. Adafika ku Mozambique dzikolo litangolandira kumene ufulu wake wa mu 1975. Adawaitana ndi Bambo Ruy Guerra, katswiri wa kanema, kuti akathandize ku Instituto Nacional de Cinema, bungwe limene boma la Samora Machel lidakhazikitsa. Anthu ambiri panthaŵiyo sankadziŵa kuŵerenga, choncho boma lidaona kuti kanema ndiye angafike kumene nyuzipepala singafike.

Ntchito imene adapatsidwa idali yoyenda m'midzi ndi kumva nkhani za anthu amene adamenya nkhondo yochotsa Apwitikizi. Nkhanizo adazisonkhanitsa m'buku, ndipo m'bukumo ndimo mudachokera kanema wa O Tempo dos Leopardos wa mu 1985. Koma pofika chakacho nkhondo ina idali itakula kale, ya pachiŵeniŵeni, pakati pa Frelimo ndi Renamo. Nkhondo imeneyi idatha ndi pangano la ku Rome pa 4 Okotobala 1992, itathamangitsira anthu pafupifupi miliyoni imodzi m'Malaŵi muno. Mtendere utabwera, Bambo Azevedo adatsagana ndi banja lina pa ulendo wake wochokera ku Malaŵi kubwerera kwawo ku Tete, najambula A Árvore dos Antepassados, ndiye kuti mtengo wa makolo.

Nkhani yawo yodziŵika koposa ndi Comboio de Sal e Açúcar, sitima ya mchere ndi shuga. Idatuluka ngati buku mu 1997, ndipo kanema wake adaoneka mu 2016. Maziko ake ndi zoona zokhazokha. M'zaka za nkhondo shuga adasoŵa kumpoto kwa Mozambique, pamene Malaŵi ankalima nzimbe ku Nchalo ndi ku Dwangwa m'boma la Nkhotakota. Amayi ankanyamula matumba a mchere wa kunyanja yaikulu, nakwera sitima ku Nampula kuloŵera ku Cuamba, kuti akasinthanitse ndi shuga kumalire a Malaŵi. Njanji idali yoonongedwa m'malo ambiri. Sitima inkayenda ngati nkhono, nkumaima kuti apaulendo atsike ndi kukonza njanjiyo ndi manja awo, zipolopolo zikuchokera m'thengo. Ulendo wa tsiku limodzi unkatha masabata.

Chimene chimampatsa ulemu mlembiyu ndi chakuti sadakometse mbali. M'kanemamo asilikali a boma, amene adaikidwa kuti ateteze apaulendo, ena mwa iwo ndiwo akuzunza amayi ndi kulanda katundu. Namwino wachitsikana dzina lake Rosa akuwopa adani a m'thengo, koma akuwopanso mkulu wina wa asilikali amene ali naye m'sitima momwemo. Sichinali chapafupi kuti munthu amene adabwera kudzatumikira boma la ufulu alembe zotere.

Kulimba mtima komweko kudaoneka mu Virgem Margarida wa mu 2012. Ufulu utangobwera, boma lidagwira akazi m'miseu ya mumzinda, ponena kuti ndi oyendayenda, ndi kuwatumiza kumisasa ya m'nkhalango za kumpoto, monga ya ku Niassa, kuti akawongole khalidwe. Margarida ndi mtsikana wa kumudzi amene adatengedwa molakwika chifukwa analibe chiphaso. Kanemayu akufunsa, mosakweza mawu, ngati amene ankalamula kuwongolako anali oongoka iwo eni.

Nyumba ya bungwe la kanema lija idapsa ndi moto mu 1991, ndipo thandizo la boma lidazilala. Bambo Azevedo sadabwerere kwawo ku Brazil. Pamodzi ndi anzawo adayambitsa kampani ya Ebano Multimedia ku Maputo, napitiriza kulemba ndi kujambula, kaŵirikaŵiri pogwiritsa ntchito anthu wamba kuti aseŵere mbiri ya moyo wawo womwe. Kanema wa sitima uja ndiye adakhala woyamba kutumizidwa ndi Mozambique ku mpikisano wa Oscar ku America.