Belu la Mfumukazi: Mau Olankhulidwa pa Msonkhano Wathu wa Pachaka



Komiti inandipempha kuti ndilankhule za ntchito. Ndiyambira m'chaka cha 1979, pamene Mfumukazi Elizabeth II inadzacheza kuno ku Malaŵi. Enafe tinali mu Fomu 2, ndipo anatindandalika m'mbali mwa mseu titanyamula timbendera. Titabwerera ku hositelo, nkhani yonse inali ya mai amene ankayenda pambuyo pa Mfumukazi kulandira maluwa. Tonse tinkati ntchito ndi imeneyo. Ine ndinaleka kuisirira nditawerenga zimene analemba mai wina amene anatumikirapo kunyumba yachifumu ku England, dzina lake Fanny Burney.

Mai ameneyu anabadwa mu 1752. Buku lake loyamba, Evelina, linatuluka mu 1778, lachiwiri, Cecilia, mu 1782, ndipo anthu ophunzira a ku London ankamutama kwambiri. Mu 1786, ali ndi zaka 34, anamuitana kuti akhale wachiwiri kwa wosamala zovala za Mfumukazi Charlotte, mkazi wa Mfumu George III. Malipiro anali mapaundi 200 pa chaka, chipinda ndi antchito akeake. Mwini wake sanaifune ntchitoyo, koma bambo ake, Dr Charles Burney, anaonapo ulemu waukulu ndi mwayi wa banja lonse. Posafuna kuwakhumudwitsa, Fanny analowa ku Windsor mu Julaye chaka chomwecho.

Tamvani m'mene tsiku lake linkayendera. Ankadzuka 6 koloko m'mawa, kuvala, ndi kukhala chete kudikira belu. Belu likalira ankathamangira kukaveka Mfumukazi. Masana kunali kuvekanso kwina kotenga maola angapo, makamaka masiku okonza tsitsi. Madzulo ankadya ndi bwana wake, Mai Schwellenberg a ku Germany, kenaka kuthirira tiyi akuluakulu operekeza Mfumu. Cha m'ma 11 kapena 12 koloko usiku belu linkaliranso kuti akathandize Mfumukazi kuvula. Mawa lake chimodzimodzi. Pamaso pa Mfumu ndi Mfumukazi munthu sankakhala pansi asanauzidwe, sankayamba kulankhula, ndipo potuluka ankayenda chambuyo. M'kalata ina kwa mkulu wake, Fanny anaseka mwambo umenewu pofotokoza kuti ngakhale chifuwa kapena kuyetsemula munthu ankayenera kuzimeza.

Mfumukazi Charlotte sinali yankhanza, ndipo Fanny ankaikonda. Chomuzunza chinali belu lija ndi Mai Schwellenberg. Pa ulendo wina wa pa ngolo m'nyengo yachisanu, maiwo analamula kuti zenera likhale lotsegula njira yonse, Fanny mpaka maso kutupa, koma wodandaulira analibe. Akulu anati chikomekome cha mkuyu, m'kati muli nyerere.

Kumapeto kwa 1788 Mfumu George inadwala matenda a maganizo, ndipo banja lonse linasamukira ku Kew, m'nyumba yozizira kwambiri. Fanny ndiye ankatumidwa m'mamawa kukamva m'mene Mfumu yagonera ndi kukauza Mfumukazi. Onse analamulidwa kuti asaonekere kwa wodwalayo. Tsiku lina mu Febuluwale 1789 anakumana nayo mwangozi m'munda wa maluwa. Iye analiyatsa liwiro, Mfumu nayo pambuyo ikumuitana, mpaka madokotala anamufuulira kuti aime. Ataima akunjenjemera, Mfumu inamukumbatira ndi kucheza naye nthawi yaitali ngati munthu amene wasowa wolankhula naye. Nkhani zotere sitinaziphunzire m'kalasi la Histole. Timazidziwa chifukwa Fanny ankalemba zonse m'mabuku ake a tsiku ndi tsiku, amene anayamba kusindikizidwa mu 1842, iye atamwalira kale mu 1840.

Koma taonani mtengo wake. Pa zaka zisanu zonsezo, mai amene anali atagwedeza London ndi mabuku awiri sanatulutse buku ngakhale limodzi. Anaonda, nayamba kudwaladwala. Mu 1790 analimba mtima nauza bambo ake zoona zake, ndipo iwo anavomera kuti abwerere kwao. Ngakhale zinatero, panapita chaka china asanamasulidwe, pakuti kunyumba yachifumu kusiya ntchito kunkaoneka ngati kusayamika. Anatuluka mu Julaye 1791 ndi penshoni ya mapaundi 100 pa chaka. Mu 1793 anakwatiwa ndi Alexandre d'Arblay, msilikali wothawa kwao ku France, ndipo mu 1796 anatulutsa buku la Camilla, limene ndalama zake anamangira nyumba.

Mnzake wa m'zaka za pambuyo pake, Marion Crawford wa ku Scotland, zinamuthera moipa. Iye analera ndi kuphunzitsa Elizabeth yemwe tinamukupizira mbendera uja, pamodzi ndi mng'ono wake Margaret, kwa zaka zoposa 15, nachedwetsa ukwati wake mpaka 1947. Atalemba buku la The Little Princesses mu 1950, banja lachifumu linamutaya, ndipo anamwalira ku Aberdeen mu 1988 asanayanjanenso nalo. Anaiwala kuti kudyera m'nyumba ya mfumu sikumusandutsa munthu mbale wa mfumu.

Anzanga, ndasankha nkhani iyi chifukwa ndili ndi mlandu. Mwana wanga wamkazi ankagwira ntchito mu ofesi ina yaikulu, yoti ndikaitchula kutchalitchi anthu ankandipatsa ulemu. Ankaweruka usiku, ndipo foni ya bwana inkamudzutsa ngakhale Lamulungu. Atandiuza kuti akufuna kusiya kuti akaphunzitse, ndinakhala sabata yathunthu osamulankhula. Ndinkati ndikuganizira tsogolo lake, koma kunena zoona ndinkalira ulemu wanga. Dr Burney anamvera mwana wake tsiku lomwelo limene anauzidwa. Ine zinanditengera miyezi itatu kuti ndipepese.

Ambiri a ife tsopano ndife makolo ndi agogo. Mwana akapeza ntchito ya dzina, tisamangofunsa za malipiro ndi galimoto. Timufunsenso kuti amagona nthawi yanji, ndiponso ngati luso limene aphunzitsi awa analiona mwa iye lidakalipo. Ndipo inu a Fomu 4 amene mwatiphikira tiyi lero, ntchito iliyonse ili ndi belu lake, ndipo kulimvera si manyazi. Koma mukadzaona kuti likukudwalitsani, mudzanene msanga, musadzadikire zaka zinayi monga anachitira Fanny.